Nkhope ya Kalipentala wa ku Chiparamba

Situdiyo yanga ndi kachipinda kamodzi kuseri kwa msika wa Kapata, pakati pa telala ndi mayi wogulitsa mbale zapulasitiki. Ndakhala ndikujambula anthu m'menemo kuyambira masiku a filimu, pamene munthu ankadikira kaye kuti adzaone ngati anaphethira kapena ayi. Kompyuta itabwera sindinaikane. Ndinaiphunzira ndili wamkulu kale, ndi chala chimodzi, ndipo kwa zaka zambiri tinkamvana. Dzanja langa linkadziwa lokha pamene pali chilichonse, moti ndinkatha kudula chithunzi, kuchiwalitsa ndi kuchisindikiza kwinaku ndikucheza ndi kasitomala za mvula.

Zinayamba kusintha ndi zimene amati apudeti. Eni ake a pulogalamu yaikulu yoyendetsa kompyuta, amene ali kutali kwawoko, amatumiza zatsopano kudzera pa intaneti. Poyamba ankapempha, ndipo munthu unkatha kukana. Kenako anasiya kupempha n'kuyamba kungofunsa kuti tichite tsopano kapena madzulo. Yankho loti ayi analichotsapo. Apudeti ikatha, ndinkapeza kuti chinachake chasamuka. Batani limene linali kumanzere lapita pakati. Mawu amene anali akuda bii asanduka otuwa, ang'onoang'ono, oti maso anga ano awasake. Ntchito imene ndinkaichita podina kamodzi yabisidwa kuseri kwa mawu akuti onani zina. Zinali ngati mlendo walowa m'nyumba mwako iwe uli kumunda, wasuntha bedi, wabisa mchere, ndipo wakhala pampando kudikira kuti umuthokoze.

Ndinkadandaula, n'kuzolowera, n'kudandaulanso. Koma pali tsiku lina la mu Okutobala limene mpaka lero sindinaliiwale.

Chaka chimenecho magetsi ankavuta. Kudera kwathu ankazima dzuwa likakwera, n'kudzabwera kutada, choncho ntchito yonse yosindikiza ndinkaichita m'mawa. Tsikulo ndinatsegula situdiyo msanga, ndinayatsa kompyuta, ndipo m'malo mwa chithunzi cha phiri la Kanjala chimene ndinaika pasikirini, ndinaona buluu yekhayekha. Pakati pake timadontho tinkazungulira, ndipo pansi pake panalembedwa m'Chingelezi chaulemu kuti ndisazimitse, akundikonzera zinthu. Ndinatukwana chamumtima n'kuyamba kusesa.

Ndili mkati mosesa, pakhomo panaima anthu awiri. Wina anali bambo wamtali, wa jekete lakuda ngakhale kunali kutayamba kale kutentha. Kumbuyo kwake kunali mayi wa duku lakuda, maso ali otupa, atagwira envulopu ndi manja onse awiri. Sindinafunse n'komwe. Anthu a maliro amadziwika ndi kaimidwe kawo.

"Pepani, abambo," anatero mwamunayo titapatsana moni. "Awa ndi alamu anga. Amuna awo, akulu anga, atisiya dzana. Tikufuna chithunzi chachikulu, cha m'fulemu, choti chitsogole bokosi. Koma tilibe nthawi. Lole ili kale ku mochale, ikangonyamula thupi tikupita ku Chiparamba. Misa ndi ya masana."

Ndinawapatsa benchi. Mayiwo anatsegula envulopu n'kutulutsa chithunzi chimodzi chaching'ono, chofiirira ndi ukalamba. Chinali cha kwaya ya kutchalitchi kwawo, anthu ataima m'mizere. Analoza ndi chala munthu wa kumapeto kwa mzere wakumbuyo, wa malaya oyera, amene nkhope yake inali yaing'ono ngati njere ya nyemba.

"Palibe china?" ndinafunsa. "Ngakhale cha mufoni?"

"Ankadana ndi kujambulidwa," anayankha mayiwo motsitsa mawu. "Anali kalipentala. Ankati mukafuna kundikumbuka muziyang'ana zitseko."

Mlamu wawoyo anandikokera pambali, pafupi ndi nsalu imene ndimajambulirapo anthu. Anandinong'oneza kuti mkulu wakeyo anagundidwa ndi galimoto yaikulu pamsewu wa ku Mwami ali panjinga, akuchokera kukapereka zitseko. A kuchipatala anawalangiza kuti bokosi lisatsegulidwe. Sipadzakhala kuona nkhope. Kumudzi kunali mayi wawo wowabereka, wokalamba kwambiri, ndi ana a malemuyo amene anali atabwera kuchokera ku Lusaka.

"Nkhope imene adzaione ndi imene mutipatse inuyo," anatero. "Mwamva?"

Ndinamva. Ndinamuuza kuti ndi ntchito yaing'ono. Ndipo inalidi yaing'ono. Kuika chithunzi pasikana, makina okopera chithunzi kulowa mu kompyuta, kudula nkhopeyo, kuikuza, kuiyeretsa pang'ono, kusindikiza. Ndinali nditachitapo zimenezi kambirimbiri, tiyi asanazizire n'komwe.

Ndinacheuka. Timadontho tija tinali tikuzungulirabe.

"Ikumaliza zina zake," ndinatero. "Posachedwa."

Kunja telala anayamba kusoka ndi makina ake. Ndinasankha fulemu yakuda, ndinapukuta galasi lake, ndinalipukutanso. Ndinaika pepala la zithunzi mu pulinta. Ndinaongola waya amene sanapindike. Ndikayang'ana pasikirini, nambala yosonyeza pamene apudeti yafika inali pomwepo, ngati yakhomeredwa ndi msomali. Kenako sikirini inada, ndipo mtima wanga unakhala pansi. Koma inangoyakanso ndi buluu yemweyo n'kuyambiranso kuwerenga.

Foni ya mlamu uja inalira. Anali dalaivala wa lole. Ndinamva akuyankha kuti akubwera, adikire pang'ono. Atadula anandiyang'ana.

"Abambo, makina anu ndi abwino?"

"Ndi abwino. Kungoti eni ake akuwasintha."

"Eni ake si inu?"

Ndinagula ndekha kompyuta imeneyo, ndinainyamula ndekha pamutu kuchoka pa basi. Koma m'mawa umenewo sindikanatha kunena kuti ndine mwini wake.

Itatsegula, sinandipatsebe malo anga ogwirira ntchito. Inayamba ndi kundilonjera. Kenako inandipempha kuti ndilowe mu akaunti, ndipo pasiwedi yake, mawu achinsinsi olowera, ndinali nditaiwala kalekale chifukwa sindinkaifuna. Ndinasakasaka podumphira, mpaka ndinapeza timawu totuwa pakona, toti mwina tsiku lina. Ndinadina. Inabweretsa tsamba lina lofunsa ngati ndikufuna kuti zithunzi zanga zonse zizisungidwa kwa iwo pa intaneti. Ndinakana. Linabwera lina londitsatsa masewero. Lina lofuna kudziwa kumene ndili. Ndinkadina mofulumira, thukuta likutsika m'khosi, ndikudziwa kuti anthu awiri ali kumbuyo kwanga akuona zonse. Mayi wamasiye anali kuyang'ana zithunzi za anthu achimwemwe ovala majuzi zimene kompyuta inkaonetsa pakati pa mafunso akewo.

Potsiriza ndinafika. Ndinaika chithunzi cha kwaya pagalasi la sikana n'kudina. Palibe chinachitika. Ndinadinanso. Panatuluka uthenga woti palibe sikana imene yalumikizidwa.

Sikanayo inali pomwepo patebulo, kanyali kake kobiriwira kakuyaka. Dzulo lake lomwe ndinali nditaigwiritsa ntchito. Ndinazula waya n'kubwezeretsa. Ndinapita pamalo a mu kompyutamo pamene ndinkakonzera zinthu zotere masiku onse, ndipo ndinapeza kuti malowo kulibenso. Anali atawagawa pawiri, zina kuno zina uko, ndi maina atsopano. Ndinalemba mawu akuti sikana m'kabokosi kofufuzira, ndipo m'malo mondisonyeza sikana yanga inanditsegulira intaneti n'kundionetsa masikana ogulitsa. Nditaipeza pamndandanda wa zipangizo, pambali pake panali mawu oti chipangizochi n'chakale, sichikugwirizana ndi pulogalamu yatsopano.

Foni inaliranso. Ulendo uno mlamu uja anatuluka panja, koma mawu ake ankamveka. Atabwerera sanakhalenso pabenchi.

"Manje tichite bwanji? Thupi lakwezedwa kale. Dzuwa ili mukuliona. Mukanatiuza poyamba kuti simungathe, tikanapita kwina."

"Nditha, achimwene. Ndipatseni kanthawi."

"Kanthawi kake kati? Mwatisunga pano ngati tabwera kudzajambulitsa za ukwati!"

"Alamu," anatero mayiwo. Mawu amodzi okhawo. Mwamunayo anapumira m'mwamba n'kutembenukira kukhoma.

Ndinasiya sikana. Ndinatenga kamera, ndinaika chithunzi chija pampando pakhomo pamene kuwala kunali kofewa, ndinagwada n'kuchijambula pafupi kwambiri. Ndinatsamiritsa zigongono pamaondo n'kugwira mpweya kuti kamera isagwedezeke. Mayi wa mbale uja anasiya kukonza katundu wake n'kumandiyang'ana. Ndinajambula kangapo, ndinathamangira mkati, ndinalowetsa khadi la mu kamera losungira zithunzi mu kompyuta.

Pulogalamu yanga yakale yokonzera zithunzi, yosavuta ija, inali itachotsedwa. Pamalo pake panali ina yatsopano imene inatsegula mwaulesi, n'kuyamba kundilangiza zoika maluwa ndi nyenyezi m'mbali mwa chithunzi. Mabatani ake analibe mawu, tizizindikiro tokhatokha. Ndinkaloza chilichonse n'kudikira kuti chinene dzina lake. Komabe ndinadula nkhopeyo, ndinaikuza, ndipo kalipentala uja anatulukira pasikirini. Sanali woonekera bwino kwenikweni, koma anali iyeyo: chipumi chachikulu, ndevu zochepa, pakamwa potseguka pang'ono chifukwa anamujambula akuimba. Ndinamva mayiwo akuimirira kumbuyo kwanga. Anangogwira mpando wanga.

Ndinadina posindikiza. Bokosi limene linatseguka silinali limene ndinkalidziwa. Posankhira kukula kwa pepala panalibe. Posankhira ngati chithunzi chiime kapena chigone panalibenso. Panali batani limodzi lalikulu. Ndinaganiza kuti mwina yakumbukira zimene ndimasankha masiku onse. Ndinadina.

Pulinta inakoka pepala n'kuyamba kulira. Tonse atatu tinaima mozungulira. Pepala linkatuluka pang'onopang'ono, ndipo lisanafike pakati ndinadziwa kuti zalakwika. Kompyuta inali itagoneka chithunzicho chammbali n'kuchikuza mopitirira pepala. Chimene chinatuluka chinali theka la nkhope. Diso limodzi, tsaya limodzi, pakamwa podulidwa pakati.

Ndinayesa kulitembenuza msanga koma ndinachedwa. Mayiwo anali ataona. Anatulutsa mawu amene sindingathe kuwalemba, osati kulira kwenikweni, koma ngati munthu amene wapondedwa pachilonda. Anaphimba nkhope ndi chitenje n'kutuluka. Apo m'pamene ndinakumbukira chifukwa chimene bokosi silikanatsegulidwa, ndipo ndinazindikira kuti mayiwo mwina anali ataona kale zofanana ndi zimenezi ku mochale.

Mlamu uja sanakalipe. Zikanakhala bwino akanakalipa. Anatenga chithunzi cha kwaya pampando, anachibwezera mu envulopu mosamala, n'kunena kuti, "Basi, abambo. Zikomo." Anatuluka kutsatira alamu ake.

Ndinatsala ndekha ndi theka la nkhope m'manja. Ndinalipinda n'kuliponya pansi pa tebulo. Kwa kanthawi ndinafuna kunyamula kompyutayo n'kukaiphwanyira pamsewu. Koma nkhope yathunthu inali ikadali pasikirini, ikundiyang'ana, ndipo magetsi anali asanazime.

Ndinakhalanso pansi. Popeza panalibenso wondiyang'ana, mutu unayamba kugwira ntchito. Ndinatseka pulogalamu yatsopanoyo. Ndinapita pa fayilo yeniyeniyo, ndinadina kumanja, ndinadina pa onani zina, ndipo pansi penipeni, kuseri kwa zonse, ndinapeza mawu akale oti sindikiza. Bokosi lakale lija linatseguka, lonyansa, lotuwa, lokhala ndi zonse zimene ndinkafuna. Linalipo nthawi yonseyi. Anali atangolikwirira. Ndinasankha pepala, ndinaimika chithunzi, ndinaona kaye mmene chidzatulukire, ndinadina.

Pulinta yanga imachedwa ikamasindikiza chithunzi chabwino. Imapita uku, n'kubwerera, n'kupuma. Ndinagwada patsogolo pake ngati ndili pa ukaristia. Tsitsi linatuluka. Chipumi. Ndinkamvetsera makina a telala, chifukwa ake ndi amagetsi ndipo akangosiya kulira ndiye kuti zatha. Maso anatuluka, onse awiri. Mphuno. Ndinayamba kupemphera mokweza, pemphero losalongosoka, lomangobwereza mawu amodzimodzi. Pakamwa. Ndevu. Khosi ndi kolala ya malaya oyera.

Ndiye kunangoti zii. Feni inaima, sikirini inada, makina a telala anasiya. Pamsika wina anafuula kuti malaiti apita.

Pepala linali litakanirira mu pulinta, gawo lakumunsi lisanasindikizidwe. Ndinatsegula chivundikiro n'kuyamba kulikoka pang'onopang'ono ndi manja awiri, ndikuopa kuti ling'ambika kapena inki ipaka. Linatuluka. Mapewa panalibe, koma nkhope inali yonse. Ndinadula mbali yoyerayo ndi lumo, ndinasintha fulemu n'kutenga yocheperapo, ndinaika pepala lakuda kumbuyo kuti mipata isaoneke. Ndinakulunga ndi nsalu yanga yojambulira, ndinakhoma chitseko, ndinathamangira pamene pamaima anjinga zamoto.

Ku mochale lole inali itapita. Ndinauza wanjingayo kuti tipite ku Chiparamba. Anandiyang'ana, anayang'ana chimene ndanyamula, sanafunse zambiri. Titasiya tala tinalowa m'fumbi la Okutobala, lija lolowa mpaka m'mano. Ndinakumbatira fulemu pachifuwa ndi dzanja limodzi, linalo nditagwira chitsulo chakumbuyo, ndipo pa bampu iliyonse ndinkamvetsera ngati galasi lasweka. Dzina la mudzi sindinkalidziwa. Dzina la malemu sindinalifunse. Tinkangoima n'kufunsa anthu kumene kuli maliro a kalipentala, ndipo aliyense ankadziwa. Mayi wina wosenza nkhuni anati zitseko za nyumba yake anapanga ndi iyeyo, n'kutilozera njira yodutsa m'minda ya mtedza imene inali isanalimidwe.

Tinafika Misa itatha. Anthu anali akutuluka m'katchalitchi ka njerwa, kwaya patsogolo, bokosi pamapewa a amuna. Ndinatsika panjinga miyendo ili dzanzi, ndili mbuu ndi fumbi, ndipo ndinaima pambali pa njira osadziwa kuti ndilowe bwanji pakati pa anthu osandidziwa. Mlamu uja ndiye anandiona. Anachoka pamzere n'kubwera, nkhope ili gwa. Ndinavundukula nsalu.

Anayang'ana nthawi yaitali. Anapukuta fumbi pagalasi ndi mkono wa jekete lake. Kenako anatembenuka n'kukweza dzanja, ndipo onyamula bokosi anaima. Nyimbo inapitirira koma motsika. Anapita nacho chithunzicho kwa mayi wina wokalamba kwambiri amene amayi awiri ankamugwirizira uku ndi uku. Mayiyo anachiyandikiza kumaso kwake mpaka mphuno inatsala pang'ono kukhudza galasi. Anayendetsa chala pachipumi, pamaso, pandevu. Anatchula dzina la mwana wake, dzina laubwana, kawiri. Pamenepo amayi onse anayamba kulira mokweza, ndipo ine ndinayang'ana pansi.

Mwana wamkazi wamkulu wa malemu ndiye ananyamula chithunzicho patsogolo pa bokosi mpaka kumanda. Ndinatsatira kumbuyo ndi anthu ena. Mayi wamasiye uja sindinalankhule naye. Anandiona kamodzi adzukulu akukwirira, ndipo sindikudziwa ngati anandizindikira. Nthawi zina ndimadzifunsa kuti pa nkhope ziwiri zimene ndinamuonetsa tsiku limenelo, imene inakhala m'mutu mwake ndi iti. Sindinapeze mpata womufunsa, ndipo ngakhale ndikanaupeza sindikanafunsa.

Pobalalika, mlamu uja anandipeza pansi pa mtengo wa mango pamene wanjinga ankandidikira. Anandigwira dzanja ndi manja awiri. "Mwavutika, abambo," anatero. "Musapite musanamwe madzi." Za m'mawa zija sitinazitchule.

Patapita masiku ndinapita kwa mnzanga wina wokonza makompyuta kumashopu a kumunsi, bambo wa msinkhu wanga. Ndinamufotokozera zonse n'kumupempha kuti atseke apudeti, isadzabwerenso. Anaseka mopanda chimwemwe. Anati kutsekeratu sizitheka, angathe kungoichedwetsa kwa kanthawi, ndipo ikadzabwera idzabwera ndi zonse zimene inatsalira nazo. Sikana yanga anaiyesa njira zosiyanasiyana, inakana. Anati makinawo alibe vuto lililonse, angathe kugwira ntchito zaka zina zambiri, kungoti kumene amapanga pulogalamu anaganiza kuti akalamba.

Pakona pa shopu yake panali kompyuta ina yakale, yachikasu ndi utsi, imene ofesi ina inataya. Ndinaitenga. Ili ndi pulogalamu ya makedzana ija, ndipo mnzangayo anachotsamo kachipangizo kolumikizira intaneti ine ndikuona. Amandichenjeza kuti ndisamalowetsemo makhadi a anthu osawadziwa, chifukwa ilibe chitetezo, ndipo tsiku lina idzafa osadzukanso. Ndikudziwa. Imalira ngati chigayo ikamayaka, ndipo telala amandiseka kuti anzanga akupita kutsogolo ine ndikubwerera m'mbuyo. Sikana ija ikugwira ntchito bwinobwino pamenepo. Ntchito za maliro zonse ndimachitira pa imeneyo, ndipo yatsopano ija ndimaiyatsa Lamlungu ndikachoka ku Misa, pamene palibe amene akundidikira, kuti ichite zofuna zake ine ndikuwerenga nyuzipepala.